Mukakumana ndi Mawu Achilendo a Chingerezi: Chochita Musanawatchule Pagulu

Tsiku lina ndinapemphedwa kuwerenga uthenga pamwambo wotsanzikana ndi mkulu wina amene ankapuma pantchito. Analemba ndi munthu wina, changa chinali kungowerenga. Chapakati pa pepalalo panali mawu akuti *epitome*, ndipo ine, mwana wa a-e-i-o-u, ndinawatchula monga ndinawaonera: "epitomu". Palibe anaseka. Mwambo utatha, mayi wina wachikulire amene anaphunzitsa Chingerezi zaka zambiri anandikokera pambali n'kundinong'oneza kuti, "Achimwene, mawu aja ndi i-PI-to-mi, maphatikizo anayi." Tanthauzo ndinkalidziwa, ndi chitsanzo chenicheni cha chinthu. Kungoti ndinali ndisanawamvepo pakamwa pa munthu.

Ife tinazolowera chilankhulo chokhulupirika. Chichewa chimawerengedwa mmene chalembedwera, moti mwana wa Sitandade 2 akhoza kutchula bwinobwino mawu amene sakuwadziwa tanthauzo. Chingerezi chili ndi malembo 26 koma maliwu pafupifupi 44, ndipo mwa amenewa, mavawelo okha ndi pafupifupi 20 m'katchulidwe ka ku Britain, pomwe ife tili ndi asanu. Chisokonezochi chili ndi mbiri yake. Mu 1066 anthu a ku Normandy analanda dziko la England n'kuthiramo mawu a Chifalansa miyandamiyanda. Mu 1476 William Caxton anayamba kusindikiza mabuku ku Westminster, kalembedwe n'kuyamba kukhazikika, koma nthawi yomweyo, kuyambira cha m'ma 1400 mpaka cha m'ma 1700, Angerezi anali akusintha katchulidwe ka mavawelo awo aatali. Zolemba zinaima, pakamwa panapitirira ulendo. N'chifukwa chake malembo a mawu a Chingerezi amakuuzani zambiri za kumene mawuwo anachokera kusiyana ndi mmene amamvekera lero.

Nayi njira imene ndakhala ndikutsata chiyambire tsiku lija. Mufunika kope laling'ono, cholembera, ndi foni yokhala ndi kabandulo pang'ono. M'munsimu, phatikizo limene ndalemba m'malembo aakulu ndi limene muyenera kutsindika.

1. Koperani chiganizo chonse

Musalembe mawu okhawo. Lembani chiganizo chimene mwawapezamo, ndipo musanatsegule mtanthauziramawu, yesani kuganizira tanthauzo lake. Ndi dzina, mneni kapena mfotokozi? Akuyamikira kapena akunyoza? Mukalakwa palibe kanthu. Mawu amene munawaganizira molakwa kenaka n'kuwongoleredwa ndi amene amakhalitsa m'mutu.

2. Funsani kuti mawuwa ndi a kwa yani

Apa ndi pamene pagona nkhani, ndiye ndichedwapo. Mawu ambiri achilendo m'Chingerezi ndi obwera, ndipo aliyense anabwera ndi khalidwe la kwawo.

Taonani malembo awiri awa, *ch*. M'mawu akalekale a Chingerezi amamveka ngati m'Chichewa: *church*, *chalk*, *cheese*, ndipo n'kumene tinatenga tchalitchi ndi choko. M'mawu ochokera ku Chigiriki amamveka ngati *k*. Inu mukudziwa kale zimenezi, chifukwa matenda aja timati kolera pomwe amalembedwa *cholera*. Ndiye *chasm*, phompho lalikulu, ndi KA-zm. *Chaos*, chipwirikiti, ndi KEI-os. *Archive*, mosungira zikalata zakale, ndi AA-kaiv. *Archipelago*, gulu la zilumba, ndi aa-ki-PE-la-go. Koma *archbishop* amabwereranso ku *ch* wathu. M'mawu amene anachokera ku Chifalansa chaposachedwa, *ch* ndi *sh*: *chef* ndi shef, *chauffeur* ndi SHO-fa, *cache*, malo obisapo katundu, amamveka chimodzimodzi ndi *cash*, ndipo *chagrin*, kukhumudwa kosakanikirana ndi manyazi, ku Britain amati SHA-grin.

Chigiriki chili ndi msampha wina, umene unandikola ine: *e* wa kumapeto. Tinaphunzitsidwa kuti *e* wotsiriza satchulidwa, monga mu *home* ndi *take*. Koma mu *epitome*, *catastrophe*, *apostrophe* ndi *hyperbole* amatchulidwa ngati *i*. *Hyperbole*, kukokomeza nkhani, ndi hai-PE-bo-li. Musalisandutse lamulo la paliponse, poti *telephone* ndi *microscope* nawonso mizu yawo ndi ya Chigiriki koma *e* wawo ndi wachete. Ingodziwani kuti mawu a Chigiriki othera ndi *e* ndi ofunika kuwafufuza.

Chifalansa chimameza malembo a kumapeto. *Coup*, kulanda boma, ndi kuu. *Debris*, zigumukire, ndi DE-brii. *Rendezvous*, malo opangana kukumanirana, ndi RON-dei-vuu. *Ennui*, kunyong'onyeka kwa munthu amene alibe chomusangalatsa, ndi on-WII. Samalani kwambiri ndi *corps*, gulu la asilikali kapena la ogwira ntchito imodzi, monga a Peace Corps aja timawaona m'masukulu ndi m'zipatala. Amatchulidwa koo. Mukatchula *p* ndi *s* mwanena *corpse*, mtembo. Ndipo kudepoti kumene timakwerera basi, Angerezi amalemba *depot* n'kumati DE-po.

Kenaka pali malembo amene anachita kuikidwamo ndi akatswiri a zaka za m'ma 1500 ndi 1600 pofuna kuonetsa kuti mawuwo ndi adzukulu a Chilatini. *Debt* anaikidwa *b* chifukwa cha *debitum*, *doubt* chifukwa cha *dubitare*, koma palibe amamutchula: det, daut. *Subtle* ndi SA-tl. *Indict*, kuimba munthu mlandu kukhoti, ndi in-DAIT. *Victuals*, zakudya, ndi VI-tlz. *Island* anapatsidwa *s* molakwitsa, pomufanizira ndi *isle*, pomwe mawu awiriwa si pachibale. *Colonel* nkhani yake ndi yoseketsa: kalembedwe kanatsatira Chitaliyana, *colonnello*, katchulidwe n'kutsalira pa Chifalansa chakale, *coronel*, moti lero amamveka ngati *kernel*, KE-nl.

Chimene chimandichititsa chidwi n'chakuti agogo athu, amene Chingerezi anachimva ndi khutu asanachione papepala, misampha imeneyi anaidumpha. Timati lisiti, mopanda *p* wa mu *receipt*. Timati kabati, mopanda *p* wa mu *cupboard*. Timati sajeni, ndipo *sergeant* amatchulidwadi SAA-jant. Khirisimasi mulibe *t*. Depoti yekhayu ndimamukayikira kuti anadzera pachikwangwani. Ndiye mukakumana ndi mawu achilendo, yambani mwadzifunsa ngati alibe m'bale wake m'Chichewa, chifukwa nthawi zina m'baleyo ndi amene wasunga katchulidwe koona.

Pali ena amene alibe kowagwirira, ongofunika kuloweza. *Quay*, doko, ndi kii. *Yacht*, wochokera ku Chidatchi, ndi yot. *Ewe*, nkhosa yaikazi, ndi yuu. *Gauge* ndi geij. *Awry*, kupotoka kwa zinthu, ndi a-RAI. *Segue*, kulowa nkhani ina mosadula, ndi Chitaliyana, SE-gwei. Za banja la *ough* ndisayambe n'komwe: *though*, *through*, *tough*, *cough*, *bough*, *thought* ndi *thorough*, asanu ndi awiri onsewa palibe awiri ofanana.

3. Tsegulani mtanthauziramawu wolankhula

Pa intaneti, wa Cambridge, wa Oxford wa ophunzira ndi wa Longman ndi aulere ndipo ali ndi kachizindikiro ka sipika pambali pa mawu alionse. Dinani, mverani katatu musanatsegule pakamwa. Wa Cambridge amaika katchulidwe kawiri, ka UK ndi ka US. Sankhani kamodzi n'kukakamira komweko. Sukulu zathu zimatsata kalembedwe ka ku Britain, ndiye ine ndimatsata ka UK, koma n'kwabwino kudziwa kuti *lieutenant* ku London ndi lef-TE-nant pomwe ku Washington ndi luu-TE-nant, kuti musamakangane ndi munthu amene sakulakwa.

Bandulo ikatha mumatsala ndi buku, ndipo apa m'pofunika kudziwa tizizindikiro tija timalembedwa pakati pa mizere iwiri yopendama. Ndi alifabeti ya katchulidwe ya dziko lonse, IPA, imene inatuluka koyamba mu 1888. Simufunika kuiloweza yonse. Kandodo kam'mwamba, ˈ, kamaikidwa kutsogolo kwa phatikizo lotsindikidwa. Timadontho tiwiri, ː, tikutanthauza kuti vawelo ndi yaitali, kusiyana kwa *ship* ndi *sheep*. Chizindikiro cha ʃ ndi *sh*, θ ndi *th* wa mu *thin*, ð ndi *th* wa mu *this*. Ndipo pali *e* wozondoka, ə, wotchedwa *schwa*, liwu lofala kuposa mavawelo onse a Chingerezi. Ndi kaliwu kaulesi, kotuluka pakamwa patangotseguka pang'ono, lilime lili phee. M'Chichewa mulibe, n'chifukwa chake ife timapatsa vawelo iliyonse ulemu wake wonse pomwe Mngerezi amaidutsa mothamanga. Wa Merriam-Webster wa ku America amagwiritsa zizindikiro zakezake, musasokonezeke nazo.

Mukafuna kumva mawuwo m'kamwa mwa anthu osiyanasiyana, tsamba la YouGlish limakupezerani tizidutswa ta makanema a pa YouTube pamene anthu awatchula, ndipo pa Forvo pali mawu ojambulidwa ndi eni chilankhulo.

4. Pezani potsindika musanalimbane ndi china chilichonse

Mukalakwitsa vawelo imodzi anthu amakumvanibe. Mukatsindika polakwika, amayamba kukufunsani kuti mwati chiyani. Zili ngati mtengo wa m'nkhalango ndi mtengo wa pamsika, kapena khungu la pathupi ndi khungu la maso: malembo ndi amodzi, chosiyanitsa ndi kakwezedwe ka mawu. M'Chingerezi *record* akakhala dzina ndi RE-kod, akakhala mneni ndi ri-KOD. *Desert* ndi DE-zat akamatanthauza chipululu, koma di-ZET akamatanthauza kuthawa usilikali kapena kusiya banja. *Invalid* ndi IN-va-lid ponena munthu wodwaladwala, in-VA-lid ponena chiphaso chosagwira ntchito.

Lilime lathu limakonda kukoka phatikizo lachiwiri kuchokera kumapeto, monga timachitira ndi galiMOto kapena chipaTAla. Pa *committee* chizolowezichi chimatithandiza. Pa mawu ena chimatigwetsa. *Infamous*, wotchuka ndi zoipa, ndi IN-fa-mas. *Mischievous* ali ndi maphatikizo atatu okha, MIS-chi-vas. *Omnipotent*, wamphamvuzonse, ndi om-NI-po-tent. *Determine* ndi di-TE-min, kumapetoko kulibe "maini".

Pali kalamulo kamene kamagwira ntchito nthawi zambiri: mawu othera ndi *-tion*, *-ic* kapena *-ity* amatsindikidwa paphatikizo loyandikana ndi mathero amenewo. N'chifukwa chake *photograph* ndi FO-to-graf koma *photographic* ndi fo-to-GRA-fik. Opanduka alipo, monga *rhetoric*, *Arabic* ndi *lunatic*, amene amatsindikidwa poyamba. Kuti muzolowere, ombani m'manja kapena gogodani tebulo paphatikizo lotsindikidwalo uku mukutchula. Mukhoza kuoneka ngati mwazungulira mutu, koma zimathandiza.

5. Lembani katchulidweko m'malembo athu

Aphunzitsi ena amaletsa zimenezi. Ine ndimaziona zothandiza, bola mudziwe pamene malembo athu amanama. Choyamba, osaonjezera vawelo kumapeto kapena pakati. Mu Chichewa *store* anasanduka sitolo, *bread* buledi, *spoon* supuni, ndipo ali bwino choncho chifukwa tsopano ndi mawu athu. Koma m'kope lanu lembani yot, osati yoti. Det, osati deti.

Chachiwiri ndi *l* ndi *r*. Kwa ife ndi liwu limodzi, timangolemba *r* pambuyo pa *e* ndi *i*, kwina konse *l*. Kwa Mngerezi ndi maliwu awiri, ndipo *collect* ndi *correct*, *light* ndi *right*, *pilot* ndi *pirate* ndi zinthu zosiyana. Nthabwala ya *election* mukuidziwa kale. Potchula *l* nsonga ya lilime ikhudze nkhama kuseri kwa mano akumwamba n'kukhala pomwepo. Potchula *r* isakhudze paliponse. M'kope muzidula mzere pansi pa *r* aliyense.

Chachitatu, *th* ndi *ph* athu si a Chingerezi. *Ph* wawo ndi *f*. *Th* wawo amafuna nsonga ya lilime pakati pa mano, mpweya n'kumadutsa. Koma pali mawu ochepa amene *th* wathu wa mu "thumba" ndiye woyenera: *Thomas*, *Thames*, *Thailand* ndi *thyme*, kachitsamba kokometsera ndiwo, kamene kamamveka chimodzimodzi ndi *time*.

6. Tsopano tanthauzo, ndipo musakhulupirire nkhope ya mawu

Bwererani ku chiganizo chija munakopera, muwerenge matanthauzo onse a mumtanthauziramawu, musankhe limene likulowa bwino. Pali mawu amene nkhope yawo imanena china, mtima wawo china. *Noisome* sakhudzana ndi phokoso. Ndi chinthu chonunkha kapena chonyansa, ndipo m'bale wake ndi *annoy*. *Enervate* amamveka ngati kupatsa mphamvu, koma ndi kufooketsa. *Restive* ndi wosakhazikika. *Invaluable* ndi chamtengo wapatali zedi. *Inflammable* ndi *flammable* ndi chimodzimodzi, chinthu chosachedwa kuyaka, ndipo ameneyu ndi woopsa mukamuwerenga molakwa pachigubu cha mafuta. *Disinterested* kwenikweni ndi munthu wosakondera mbali, monga woweruza wabwino. Wopanda chidwi ndi *uninterested*. *Nonplussed*, wochokera ku Chilatini *non plus*, ndi munthu amene wathedwa nzeru n'kusowa chonena, ngakhale ku America ena ayamba kuwagwiritsa ntchito motembenuza.

Amene amandisangalatsa ndi *prodigal*. Poti fanizo la pa Luka 15 timalitcha la mwana wolowerera, ambiri timaganiza kuti *prodigal* ndi munthu wosochera kapena wobwerera kwawo atazunzika. Tanthauzo lake ndi wosakaza chuma, womwaza ndalama. Munthu akhoza kukhala *prodigal* asanachokepo pakhomo pa bambo ake.

Mawu aatali, oopsa m'maso, kawirikawiri ndi amene savuta, chifukwa amang'ambika m'zidutswa. *Defenestration*: *de* ndi kuchotsa, *fenestra* ndi zenera m'Chilatini, ndiye ndi kuponya munthu panja kudzera pazenera. Amadziwika ndi zimene zinachitika ku Prague mu 1618, pamene nduna ziwiri za mfumu ndi mlembi wawo anaponyedwa pazenera la nyumba yachifumu. Onse atatu anapulumuka, koma mkanganowo unabala nkhondo ya zaka 30. Mawu okhala ndi nkhani chonchi saiwalika, ndiye ngati mtanthauziramawu wanu ali ndi gawo la chiyambi cha mawu, muziliwerenga. *Serendipity*, mwayi wopeza chabwino chimene sumachifunafuna, anawapeka Horace Walpole m'kalata mu 1754, kuchokera ku Serendip, dzina lakale la Sri Lanka. *Petrichor*, PE-tri-ko, anawapeka asayansi awiri a ku Australia, Isabel Bear ndi Richard Thomas, mu 1964, polumikiza mawu a Chigiriki otanthauza mwala ndi magazi a milungu. Ndi kafungo kaja kamatuluka m'dothi louma mvula yoyamba ikagwa. Aliyense amene ananunkhizapo chizimalupsa safunikanso kumasuliridwa.

Owerenga nkhani za kukhoti ndi ku Nyumba ya Malamulo, patulani tsamba lapadera la Chilatini. *Subpoena*, chisamani chokakamiza mboni kubwera, ndi sa-PII-na. *Sub judice*, nkhani imene ikadali m'manja mwa khoti, ndi sab JUU-di-si. *Affidavit*, chikalata cholumbirira, ndi a-fi-DEI-vit. Aphungu akatseka zokambirana *sine die*, ndiye kuti sanatchule tsiku lodzakumananso. Ena amati SAI-ni DAI-i, ena SI-nei DI-ei, ndipo onsewo ndi ovomerezeka.

7. Mayina a malo ndi a anthu: funsani

Apa malamulo onse amatha, ndipo safunsa anadya phula. Okonda mpira ali ndi mwayi chifukwa anamva kale kwa oulutsa kuti *Leicester*, imene timu yake inatenga ligi ya ku England mu 2016, ndi LES-ta, *Tottenham* ndi TOT-nam, *Fulham* ndi FU-lam. Kuchokera apo mukhoza kuganizira kuti *Gloucester* ndi GLOS-ta ndipo *Worcester* ndi WUS-ta. *Edinburgh* ndi E-din-bra, *Greenwich* ndi GRE-nich, mzinda wa *Reading* ndi RE-ding. *Salisbury*, dzina limene Harare ankadziwika nalo mpaka 1982, agogo athu akupita kukagwirako ntchito, ndi SOLZ-bri. Dzina la munthu mufunseni mwini wake. Ngati muli wotsogolera mwambo, pitani kwa mlendoyo mwambo usanayambe, mumufunse, mulembe m'malembo athu pambali pa dzina lakelo.

8. Atulutseni pakamwa

Pekani chiganizo chanuchanu chonena za moyo wanu, muchitchule mokweza, mudzijambule pafoni, kenaka mufanizire ndi mawu a mumtanthauziramawu aja. Khutu limamva zolakwa za pa foni zimene silimva pamene mukulankhula. Bwererani ku mawuwo mawa lake, kenaka pakatha masiku atatu, kenaka pakatha sabata. Mawu asanu pasabata ndi okwanira. Makumi awiri patsiku amathera m'kope momwemo.

Kunena zoona, ambiri mwa mawu amenewa mudzawagwiritsa ntchito powerenga ndi pomvetsera kuposa polankhula. Amene amathyakula Chizungu cha *defenestration* pamsonkhano wa makolo ndi aphunzitsi amangotopetsa anthu. Koma pepala la wina likadzakufikani m'manja kuti muwerenge pagulu, lipempheni usiku wake. Liwerengeni mokweza muli nokha, muzunguze ndi pensulo mawu alionse amene simunawamvepo akutchulidwa, ngakhale amene tanthauzo lake mukulidziwa, muwamvere pafoni, ndipo pamwamba pa alionse mulembe katchulidwe kake m'malembo athu, phatikizo lotsindikidwa lili m'malembo aakulu.